Tsamba la Febuluwale

Chaka changa chachiwiri mumzinda wa Indianapolis ku America ndinkasamalira mayi wina wokalamba, Mmwenye, m'nyumba ya mwana wawo wamwamuna ku Lawrence. Onse m'nyumbamo ankawatchula kuti Aji, kutanthauza agogo m'chilankhulo chawo cha Chimarathi, nane ndinangotengera pomwepo. Iwo ankanditchula kuti Sisita, chifukwa kwawo aliyense wogwira odwala ndi sisita. Ndinkafika m'mawa mwana wawo ndi mkazi wake akuthamangira kugalimoto, khofi ali m'manja, ndipo ndinkachoka madzulo iwo akulowa. Pakati ponsepo tinali awiri basi, m'nyumba yaikulu yomwe phokoso lake linali la firiji.

Aji anali aafupi, ouma mutu, a lilime lakuthwa. Chingerezi chawo chinali chochepa, koma chinkakwanira kundikalipira. Ndikapinda sari yawo, nsalu yaitali imene amavala, ankaipindanso okha ine ndikuona. Tiyi wanga ankati ndi madzi otsukira mbale. Nane sindine munthu womeza mawu, choncho masabata oyamba tinkakanganirana tinthu ta zii: mchere, zenera, sopo. Koma ndisaname, Loweruka ndi Lamlungu ndinkawasowa. Mumzinda wonsewo munali munthu mmodzi yekha amene ankadziwa ndikachedwa, ndipo anali iwowo.

Kukhitchini, pafupi ndi firiji, panali msomali, ndipo pamsomalipo pankalendewera kalendala yochokera kwawo ku Pune, ku India. Kuiona patali inali ngati kalendala ina iliyonse, tsamba limodzi mwezi umodzi, manambala akuluakulu m'timabokosi. Koma ukayandikira, kabokosi kalikonse kanali kodzaza ndi tizilembo tolendewera pamzere ngati zovala pachingwe. M'menemo munali dzina la tsikulo malinga ndi mwezi wakumwamba, nthawi yotuluka dzuwa, nthawi yotuluka mwezi, tsiku losala kudya, tsiku labwino kumanga ukwati, tsiku loipa kuyamba ulendo. Kuseri kwa tsamba kunali maphikidwe a zakudya ndi malangizo a matenda. Ngakhale chaka chenichenicho chinali china. Pakona panali nambala yotsalira m'mbuyo ndi zaka zoposa makumi asanu ndi awiri. Ndinawaseka kuti ndiye kuti kwawoko ine sindinabadwe. Anati n'chifukwa chake sindidziwa kuphika tiyi.

M'mawa uliwonse, asanamwe mankhwala, ankakankha chitsulo chawo choyendera, chimene kuno amati woka, n'kukaima pansi pa kalendalayo, galasi lokulitsa zilembo lili m'manja. Zimene awerenga pamenepo ndizo zinkalamula tsikulo. Likakhala losala kudya, ine ndi makina anga oyezera shuga tinkangotaya nthawi. Ndinkapsa mtima, ndinkaopseza kuti ndiimbira mwana wawo, iwo n'kungoloza khoma.

Tsiku lina ali osangalala anandiuza kuti ali mtsikana kalendala yotere kunalibe. Kunali kabuku ka manambala okhaokha kotchedwa panchanga, ndipo wotha kukawerenga anali wansembe. Amayi awo akafuna kudziwa tsiku losala kudya, kapena tsiku labwino kukaona makolo awo, ankapita kukafunsa atanyamula kampunga, n'kudikira pakhonde mpaka wansembeyo amalize kudya. Zitayamba kusindikizidwa zokoloweka pakhoma, m'mawu oti mzimayi aliyense amve, Aji anati anamva ngati wina wawapatsa makiyi a nyumba yawo yomwe. "Kuyambira pamenepo," anatero, "tsiku langa sindifunsa munthu."

Chimene chinkandiseketsa n'chakuti za kuno ku Indiana kalendalayo inkanama tsiku lililonse. Inkati mvula yayamba, panja kuli ng'amba. Inkati dzuwa latuluka, ife tikuyatsa magetsi. Itanena kuti chaka chawo chatsopano chafika, kumapeto kwa nyengo yozizira, Aji anandilamula kuti ndimange nsalu ya silika pandodo, ndivindikire kambiya ka mkuwa pamwamba, ndiimike pazenera monga amachitira kwawo. Ndodo yoyenera panalibe, ndiye tinagula mpini watsopano wa mopu. Unaima pazenerapo tsiku lonse. Mumsewu simunadutse munthu wapansi ngakhale mmodzi, magalimoto okhaokha. Aji anati kwawo timabokosi ta pakalendala tija tinkada ndi zolemba: mkaka umene wabwera, mlendo amene akuyembekezeka, ukwati wa mwana wa mnansi. Kuno timabokosi tawo tinkatha chaka tili toyera.

Ine kalendala yanga inali yaulere, yochokera kusitolo ya mankhwala, ndipo inali pakhoma la kachipinda kanga ka lendi ku Beech Grove. Munalibe kalikonse koma mashifiti. Kwathu amayi anga ankatuluka panja madzulo n'kunena kuti mwezi wakhala, kapena mwezi wafa, ndipo aliyense ankadziwa chimene chikutsatira. Ku Indiana ndinkatha miyezi osakweza maso. Ndinkachita nsanje ndi kalendala ya Aji, ndipo ndikunena poyera. Masiku awo anali ndi mayina ndi ntchito zake. Anga ankangofanana, Lachiwiri ngati Lachinayi.

Pa masiku onsewo lalikulu linali limodzi, tsiku limene amuna awo anamwalira. Anamwalirira ku Pune, Aji asanabweretsedwe ku America. Tsikulo sankalisunga ndi deti ngati ife. Linali tsiku lachisanu la mdima m'mwezi wotchedwa Magh, kutanthauza lachisanu mwezi utayamba kuchepa, ndipo pa kalendala yachizungu linkayendayenda, chaka china kumayambiriro kwa Febuluwale, china kumapeto. Pa tsikulo amaphika zakudya zimene malemu ankakonda, n'kupakula pang'ono patsamba la nthochi, n'kuika panja kuti khwangwala adye. Khwangwala akagunda chakudyacho ndiye kuti malemu alandira. Ukaphonya tsiku, mwini wake amabwera n'kupeza moto uli wozima. Umo ndi mmene Aji ankanenera, ndipo sankaseka.

Amene ankawatumizira kalendala anali mlongo wawo wamng'ono. Chaka chilichonse ankaikulunga ngati mkeka n'kufunafuna wina wopita ku America kuti aiponye m'sutikesi. Ndi yemweyonso amene ankaika tsamba la chakudya padenga la nyumba yakale ku Pune, Aji akuphika zawo kuno, kenako n'kuimba foni kuti khwangwala wadya. Chaka chimenecho mlongoyo anamwalira, ndipo ana ake zoti kuli kalendala yofunika kutumiza sankazidziwa n'komwe. Zonse zinatsalira Aji: kupeza tsiku, kuphika, ndi kuitana khwangwala okha kwa nthawi yoyamba m'dziko lino.

Mwezi wa Disembala unatha. Mpongozi wawo anachotsa kalendala yakale, pakhoma n'kutsala msomali wokha. Aji sanasiye kupita pamenepo m'mawa. Ankaima, galasi lili m'manja, n'kuyang'ana penti. Kenako ankabwerera kumpando n'kudya chilichonse chimene ndawapatsa, osadandaula. Kusadandaulako ndiko kunandiopsa.

Mwana wawo sanali munthu woipa. Anali munthu wotopa. Ankagwira ntchito ku labotale ina pakati pa mzinda, ndipo ankafika kunyumba maso ali ofiira. Madzulo ena, ine ndikuvala jekete, anabwera ndi pepala lochokera pakompyuta. Analankhula Chingerezi kuti nane ndimve, mwina kuti ndimuthandize.

"Amayi, ndafufuza. Akuti tikawerengera dzuwa la ku Pune, ndi tsiku ili. Tikawerengera dzuwa la kuno, ndi dzulo lake. Sankhani limodzi, palibe vuto."

Aji anayang'ana pepalalo osaligwira.

"Bambo ako anafa kawiri?"

"Si choncho, amayi. Dziko ndi lozungulira."

"Lizizungulira. Ine ndikufuna kalendala."

Analonjeza kuti afunsa anzake. Mumzindamo munali mabanja ena a Chimarathi, koma iye sanali munthu wa misonkhano, ndipo ndikuganiza kuti zinkamuchititsa manyazi kukagogoda kwa anthu amene anawazemba zaka zambiri, kukapempha pepala. Masiku ankangotha.

Ndinaganiza zothetsa nkhaniyo ndekha. Ife a ku Malawi timadziona ngati Amwenye timawadziwa, popeza tinakula tikugula nsalu m'masitolo awo ku Limbe. Mmwenye ndi Mmwenye, ndinatero mumtima. Loweruka ndinapita kusitolo ina yogulitsa mpunga ndi zokometsera ndiwo, n'kuuza bambo wapakauntala kuti ndikufuna kalendala ya Amwenye. Anandifunsa kuti ya Amwenye ati. Ndinati yowerenga mwezi. Anapuma mpweya wautali n'kutulutsa zitatu zimene zinatsala, iliyonse ndi malembedwe ake. Ziwiri zinali ndi tizilembo tachilendo. Yachitatu inali ndi tolendewera pamzere tija, ndipo ndinazindikira mawu oti Magh, chifukwa Aji anandiphunzitsa maonekedwe ake. Ndinatuluka m'sitolomo mapewa ali m'mwamba.

Lolemba ndinaikoloweka Aji asanatuluke kuchipinda. Ataiona anafulumira mpaka woka inatsala pang'ono kuwagwetsa. Anayamba kuwerenga tsamba la Januwale, chala chikutsata mzere. Kenako chalacho chinaima.

"Iyi si yathu, Sisita. Iyi ndi ya anthu a kumpoto."

"Koma zilembo si zomwezo?"

"Zilembo zomwezo. Mwezi wosiyana."

Anandifotokozera pang'onopang'ono, ngati akulankhula ndi mwana wa sukulu ya mkaka. Anthu a kumpoto kwa India amati mwezi watha ukakhala wathunthu, wowala bwino. A Chimarathi amati watha ukafa, kumwamba kukakhala kopanda kanthu. Choncho masiku a mdima amene a kumpoto amawatcha a Magh, kwa Aji anali a mwezi wa m'mbuyo mwake. Akanatsata kalendala yangayo akanaphikira amuna awo mwezi wathunthu nthawi isanakwane. Ndinati ndiye tingodumpha mwezi umodzi, tiwerenge patsamba lotsatira. Zinali zotheka, ndipo ndikukhulupirira kuti iwo ankadziwa kuti n'zotheka. Koma anapukusa mutu. Tsiku la amuna awo ankafuna kuliona litalembedwa ndi dzina lake lenileni, m'chilankhulo chimene amunawo ankalankhula. Ndinapsa mtima, ndinaichotsa n'kuiponya m'chikwama. Chokhacho chimene ndinapindula n'chakuti, ndikung'ung'udza, ndinawauza kuti kwathunso mwezi umatha ukafa. Anandiyang'ana ngati munthu wochokera kwa anthu anzeru, ndipo aka kanali koyamba.

Ndi pamene ndinakumbukira South Bend. Ndisanabwere ku Indianapolis ndinakhala kumeneko zaka ziwiri, ndikuphunzira ntchito yosamalira okalamba. Khomo loyang'anana ndi langa linali la mtsikana wina wa ku India amene mwamuna wake ankaphunzira kuyunivesite. Sitinali abwenzi. Tinkakumana pamakina ochapira zovala, aliyense ndi basiketi yake, tonse tili ndi nkhope ya munthu amene sanalankhule ndi wina tsiku lonse. Kamodzi kokha ndinalowa m'khitchini mwake, kukabwereka chopalira chipale pagalasi la galimoto, ndipo pakhoma ndinaona kalendala yodzaza tizilembo. Nthawi imeneyo sindinaisamale. Tsopano mtima unkandiuza kuti inali ngati ya Aji ndendende. Nambala yake ya foni ndinalibe. Ngakhale dzina lake ndinali nditaliiwala.

Lamlungu titaweruka kutchalitchi ndinauza namwino wina wa kwathu, mayi wamkulu kwa ine amene anandilandira nditangofika mumzindamo.

"Achemwali, mawa ndi holide. Ndikufuna ndidraive mpaka ku South Bend."

"Ndi snow imeneyi? Kuli maliro?"

Ndinawafotokozera. Anavula magalasi.

"Iwe, ukudziwa zimene ukuchita? Imeneyo ndi nsembe ya mizimu. Ife tinazisiya kumudzi, iwe wabwera kudzazitola ku America? Ntchito yako ndi kuwasambitsa ndi kuwacheka shuga. Ukaklokauti, zatha."

"Ndi kalendala chabe, achemwali."

"Kalendala chabe? Nanga bwanji osawapatsa ya ku famase?"

Anali mayi wabwino. Anandikulungira mandasi a paulendo akundinenabe, n'kundiuza kuti ndikawaimbire ndikafika. Chimene sindinawauze n'chakuti holideyo ndinalibe kwina kopita, ndipo ndinkaopa kukhala ndi makoma anayi tsiku lathunthu.

Msewu wa ku South Bend ndi wautali ndiponso wosasangalatsa. Minda ya chimanga yokololedwa kale, ziputu zikusuzumira m'chipale, maloboti a m'tauni ya Kokomo oimitsa munthu popanda chifukwa. Galimoto yanga inali yakale, hita yake inkatenthetsa phazi limodzi. Njira yonse ndinkadzitukwana. Nanga akakhala kuti anasamuka? Ana a sukulu sakhalitsa malo amodzi. Ndinafika masana, mphepo ikuulutsa chipale cham'mbali, ndipo ndinakwera masitepe omwe aja, fungo lomwe lija la kapeti yonyowa. Pakhomo langa lakale panali nsapato za anthu ena.

Ndinagogoda pakhomo loyang'anana nalo, ndipo anatsegula mtsikana yemwe uja, khanda lili paphewa. Anandiyang'ana kanthawi, kenako anafuula kuti, "Makina ochapira!" Tinaseka tonse awiri, kuposa mmene tinasekerapo zaka ziwiri zija. Anandilowetsa, anandiphikira tiyi wa jinja, ndipo pakhoma kalendala inalipo, ya chaka chatsopano, yokhala ndi mapindo a m'sutikesi. Nditafotokoza anavundukula tsamba la Febuluwale, anayendetsa chala, n'kunena kuti andilembera tsikulo papepala.

"Sakhulupirira," ndinatero. "Akufuna aone okha."

Anangogwedeza mutu, ngati munthu amene nayenso ali ndi Aji wake kwinakwake. Kalendala yonse sakanandipatsa, ndipo sindinapemphe. M'timabokosi munali kale zolemba zake, masiku a katemera wa mwana, tsiku limene amayi ake adzaimbe foni. Anaika khandalo m'manja mwanga, anatenga mpeni wa masamba, n'kudula tsamba la Febuluwale kumtunda, mosamala ngati telala amene wapatsidwa nsalu ya eni.

"Nanga inuyo mukhala bwanji opanda Febuluwale?"

"Febuluwale ndilibe aliyense," anatero. "Anga onse anafa nthawi ya mvula."

Anandiperekeza mpaka pamasitepe. Sitinapatsane manambala, sindikudziwa chifukwa chake, ndipo sitinaonanenso.

Lachiwiri, kunyumba kwa Aji, ndinatulutsa tsambalo m'chikwama n'kuliyala patebulo. Aji sanathokoze. Anapukuta galasi lawo ndi mpendero wa sari, anawerenga kabokosi kalikonse kuyambira koyamba, osadumpha, ngakhale ankadziwa kumene akupita. Atafika pa tsikulo anaikapo chala. Linali limodzi mwa awiri aja a pakompyuta, la dzuwa la ku Pune, koma palibe amene anazitchula. Anandiuza kuti ndiboole tsambalo ndi kulikoloweka pamsomali. Masiku onse otsala a Januwale pakhoma panali Febuluwale. Madzulo a tsiku lomwelo anati mphodza zanga zilibe mchere, ndipo mtima wanga unakhala pansi.

Tsikulo linagwa pakati pa sabata. Nditafika m'mawa ndinapeza Aji atasamba kale, atavala sari yoyera. Mwana wawo anachita mbali yake atamanga taye. Anathira madzi osakaniza ndi chitowe m'mbale, akubwereza mawu amene amayi ake ankamuuza, anawagwira mapazi posonyeza ulemu, n'kuthamangira kuntchito kumene kunali msonkhano wosasunthika. Kuphika sanandilole, ngakhale kugwira chikombe. Ntchito yanga inali kuima kumbuyo kwawo ndi kuwagwira m'chiuno kuti asagwere pachitofu. Anaphika mpunga, mphodza, phala lotsekemera la mkaka, ndi timandasi tatsabola timene amuna awo akuti ankatola m'poto asanasambe m'manja. Iwo anali asanadye kanthu, ndipo tsiku limenelo za makina a shuga sindinazitchule.

Dzuwa litafika paliwombo, kapena pamene likanafika likanakhala kuti likuoneka, anapakula pang'ono pa chilichonse patsamba la nthochi logula kusitolo, lakuda m'mbali chifukwa cha firiji. Ndinawathandiza kutuluka pakhonde lakuseri. Anaika tsambalo pampanda wa khondelo n'kuitana kuti, "Kawu, kawu," ndi mawu aang'ono amene mphepo inangowatenga. Ndinawafunditsa bulangete, ndipo tinakhala pamipando iwiri ya pulasitiki kudikira.

Akhwangwala ku Indiana si osowa. M'nyengo yozizira amadzaza mitengo, ndipo m'mawa womwewo ndinawaona akulimbirana zinyalala kuseri kwa sitolo. Koma pabwalopo panali zii. Kunabwera gologolo, ndinamugenda ndi silipasi. Tinakambirana za akhwangwala kuti nthawi ipite: a kwawo ali ndi khosi lotuwa, a kwathu ali ndi chifuwa choyera ngati abusa ovala kolala, a kuno ndi akuda paliponse. Mpunga unasiya kutuluka nthunzi.

"Bambo ako ali moyo, Sisita?"

Anali asanandifunsepo za kwathu. Ndinawauza kuti anamwalira ndili ku South Bend, ndipo kumaliro sindinapite chifukwa mapepala anga sakanandilola kubwereranso. Anafunsa tsiku lawo. Ndinati sindidziwa kuti nditenge liti. Anamwalira Lachiwiri mbandakucha kumudzi, koma foni inandipeza kuno lidakali Lolemba. Ndinayamba kulira Lolemba munthu amene abale anga onse amati anafa Lachiwiri. Chaka chilichonse masiku awiriwo ndinkangogwira ntchito, osauza munthu, ndipo zinkandiwawa kwambiri.

"Tenga Lachiwiri," anatero Aji. "Iwo anafera kumeneko."

Kuzizira kunayamba kulowa m'mafupa. Milomo yawo inayamba kuda, ndipo ndinati tilowe, tiziyang'anira pazenera. Anakana. Anandiuza kuti khwangwala akakana chakudya ndiye kuti malemu ali ndi kanthu kumtima, ndipo abale amayenera kunena mokweza zimene akuganiza kuti zikuwavuta, kufikira atapeza chenichenicho. Anayamba kulankhula m'Chimarathi akuyang'ana mitengo yopanda masamba. Mawu sindinkawamva, koma ndinamva dzina la mwana wawo, kenako la mlongo wawo uja. Ankanena n'kudikira. Ankanena china n'kudikira. Palibe chinauluka.

Kenako anatembenukira kwa ine ndi nkhope ya munthu amene wakumbukira kuti wasiya poto pamoto.

"Sisita, amuna anga sanafikepo kuno. Nyumba ino saidziwa."

Ndisanayankhe anagwira woka n'kuimirira, bulangete n'kugwera pansi. Anakweza nkhope kumitambo yotuwa ija n'kuyamba kunena m'Chingerezi, liwu limodzi limodzi, mmene mwana wawo anawalowezetsera kuopa kuti tsiku lina angasochere. Ananena nambala ya nyumba, dzina la msewu, Lawrence, Indiana. Pamenepo anakakamira. Milomo inkayenda koma mawu osatuluka.

"Manambala akumapeto aja, Sisita. Ndaiwala."

Ine, Mkhristu wobatizidwa, amene Lamlungu lapitalo ndinaimba kwaya, ndinaimirira pambali pawo, ndinawagwira mkono, n'kuwauza manambala a positi imodzi imodzi, iwo akubwereza mokweza kuti amuna awo amve. Titamaliza ndinatola bulangete n'kuwafunditsanso, ndipo tinakhalanso pansi. Misozi inkandizizira pamasaya. Pampanda panalibe chimene chasintha.

"Tiwapatse kanthawi," anatero Aji, akukoka bulangete kuti lifike ndi pamawondo anga. "Ndi kutali."